Thumba Lofiira la Mayi Naujoks

Mayi Edeltraud Naujoks ndinawafunsira ukwati kasanu ndi kanayi, ndipo maulendo onsewo anandikana ali chiimire pakhomo, simbi yositira ili m'manja. Musandimvere chisoni, sindinali wotsimikiza. Unali mwambo chabe wa pa Nyuwere: ndimagogoda, ndimawapatsa kalendala yaulere ya kwa ogulitsa malasha, kenako ndimafunsa ngati chaka chino asintha maganizo.

"Bambo Kampmann, dzina langa lili m'buku la mafoni," ankatero. "Silisuntha. Pukutani mapazi."

Ine ndine Ewald Kampmann, wosamalira nyumba yosanja ya nambala 14 kuno ku Germany. Kusesa masitepe ndi ine, mpope ukadontha ndi ine, chipale chofewa chikagwa wowaza mchere pakhomo ndi ine ndemwe. Sukulu ndinasiyana nayo ndili ndi zaka khumi ndi zinayi, ndipo aphunzitsi sanalire. Mkazi ndinali naye, koma anapita ndi dalaivala wa basi ya nambala 6. Basiyo mpaka lero sindikwera, ndimayenda wapansi.

Mayi Naujoks ankakhala pamwamba penipeni, khomo la kumanzere, okhaokha. Zaka makumi atatu anazithera m'chipinda chochapira cha ku chipatala, kusita zofunda za odwala, mpaka miyendo inayamba kutupa n'kuwapumitsa. Alendo analibe. Khirisimasi ankaidya okha, soseji ziwiri ndi mbatatesi, wailesi ikuimba chapansipansi. Munthu wokhayo amene ankadziwa mtundu wa makapu awo ndinali ine, chifukwa Lamlungu lililonse 4 koloko madzulo ndinkakwera kukamwa khofi. Sankandiitana kuti bwerani mudzacheze, ayi. Ankati mpope wa kukhitchini ukumveka zachilendo. Mpope umenewo ndinaumvetsera zaka khumi ndi ziwiri, ndipo ndikulumbira, m'nyumba monsemo munalibe mpope wathanzi ngati umenewo.

Mu 1993 kunabwera anthu a kanema. Ankakonza sewero lalitali, la magawo asanu ndi limodzi, lonena za moyo wa anthu nkhondo yachiwiri ya dziko lonse itangotha: njala, mabwinja, akazi ogogoda njerwa, amuna obwera kuchokera ku ukaidi atasanduka anthu ena. Akuti anazungulira dziko lonse kufuna malo ooneka ngati anagwetsedwa ndi mabomba. Atafika kwathu kuno n'kuona mgodi wotsekedwa, fakitale ya njerwa yopanda denga ndi siteshoni yakale ija, anangoti apa palibe chokonza, yambani kujambula. Ameya anasangalala kwambiri. Ife ena tinaganiza kaye.

Pa zenera la ophika buledi anamatapo pepala. Ankafuna anthu oti azingodzaza malo kumbuyo kwa osewera, ndiponso zovala zenizeni za zaka zimenezo. Ine ndinapita. Anandiyang'ana mimba n'kunena kuti m'chaka cha njala munalibe mimba zoterezi. Pomaliza anandipatsa wilibala, n'kundilamula kuti ndiziyenda chofulatira kamera.

Lamlungu lotsatira ndinawafotokozera zonsezi Mayi Naujoks, ndikuonjezera mchere apa ndi apo, koma sanaseke. Anadzuka, analowa kuchipinda, n'kutuluka ndi katoni yomanga ndi chingwe. Mkati munali kajasi ka mwana, kotuwa, kosokedwa kuchokera ku bulangeti la asilikali. Kanali kosita bwino mpaka m'makona. Kumanzere kunali thumba limodzi lalikulu, lofiira piriwiri, la nsalu ya patebulo. Kumanja kunalibe kanthu.

"Telala wake analedzera?" ndinafunsa. "Thumba linalo anaiwala."

"Telala wake anali amayi anga. Sanaiwale."

Ndinameza keke osatafuna.

"Tinalipo awiri," anatero. "Ine wa zaka zisanu ndi zinayi, mlongo wanga Arno wa zinayi. Pothawa kwathu kum'mawa, Januwale wa 1945, amayi anadula bulangeti limodzi n'kusoka timajasi tiwiri. Langa thumba kumanzere, lake kumanja. Anati dzanja lopanda thumba si lako, ndi la mnzako. Likazizira, funda m'dzanja lake. Ndiye tinkayenda choncho, atatu ndi amayi, iwo ali ndi katundu."

"Nzeru zimenezo."

"Pa siteshoni ina, dzina lake sindinalidziwe, amagawa supu. Kapu inali yotentha. Ndinaigwira ndi manja awiri."

Anasiyira pomwepo. Anathira khofi m'kapu yanga imene inali yodzaza kale.

Zotsala ndinazimva pang'onopang'ono. Pomaliza kumwa supu ija, Arno sanalinso pambali pawo. Sitima inanyamuka Arno asanapezeke. Amayi awo anamwalira mu 1951 akulembabe makalata ku maofesi ofufuza osowa, ndipo cholembera chija anachitola mwana wamkaziyo. Ana ena osowa ankawaika zithunzi m'mapositi ofesi, koma Arno sanajambulidwepo. Mwana wa zaka zinayi sadziwa kwawo, mwina ngakhale dzina la bambo ake amalitchula mopotoka. Koma mwina, tsiku lina, dzinalo likanamubwerera m'mutu, n'kutsegula buku la mafoni. Ndiye nchifukwa chake kunalibe ukwati, kunalibe kusamuka. Ine ndi kalendala yanga ya malasha ndinali kugogoda pa khomo la munthu amene akulondera.

"Sewero limeneli adzaonera anthu angati?" anafunsa.

"Akuti mamiliyoni."

"Ndi a kum'mawa omwe?"

"Khoma logawa dziko pakati lija linagwa, mayi. Tsopano tonse timaonera zinyalala zofanana."

"Ndiye ngati anakulira kumeneko, lero akhoza kungotola foni. Nkhope yanga sangaidziwe, ndakalamba. Koma thumba lofiira pa bulangeti lotuwa mwana saiwala. Mundiperekeze mawa."

Woyang'anira zovala anali mtsikana wa ndolo pamphuno, dzina lake Silke, ndipo ankagwirira ntchito m'galimoto lalikulu lodzaza nsanza zopachika. Ataona kajasiko anakagwira ngati dzira.

"Mayi, ichi n'chuma. Zenizeni zotere sitizipeza. Vuto ndi limodzi, ndi kaukhondo kwambiri. Tikakalambitsa pang'ono."

"Kali ndi zaka makumi anayi ndi zisanu ndi zitatu, mwanawe," ndinatero. "Ukufuna kamere ndevu?"

Koma ndiyo ntchito yawo. Silke anatenga phulusa m'ndowa n'kulipaka m'mapewa, anakwecha zigongono ndi burashi ya waya, mpendero anaunyika m'madzi a tiyi. Mayi Naujoks anaima pomwepo, munthu amene moyo wake wonse anali kulimbana ndi madontho. Ndinaona zala zawo zikupinda ndi kutambasuka. Kenako burashiyo inayandikira thumba.

"Pamenepo ayi," anatero Mayi Naujoks.

Anapempha zinthu ziwiri zokha: mwana wovala kajasiko aime moti thumba liyang'ane kamera, ndipo munthu aliyense wodzafunsa za kajasiko apatsidwe nambala yawo. Silke anailemba pa dzanja lake ndi bolopeni. Ine ndinamuuza kuti asasambe mpaka chaka chamawa. Anandiyang'ana moipa, koma anakaikopera m'kabuku.

Tsiku lojambula pa siteshoni panali anthu mazana awiri ovala nsanza, utsi wa makina, ndi mkulu wa sewero akukuwa pa chimkuzamawu. Kajasi kanavekedwa mwana wamkazi wa wogulitsa nyama, wonenepa masaya, amene anamupaka makala kuti aoneke wanjala. Anamupatsa kamtolo n'kumuuza kuti akagwire ndi manja awiri. Zonse zitakonzeka, anthu onse ali zii, Mayi Naujoks anadumpha chingwe ndi miyendo yotupa ija, n'kudutsa pamaso pa kamera.

"Agogo awa ndi a ndani?" anakuwa mkulu uja.

Mayi Naujoks analanda kamtolo kaja, dzanja lamanzere la mwanayo analilowetsa m'thumba, lamanja analiika m'dzanja la mayi wina amene anaima pafupi.

"Kamavalidwa chonchi," anatero, n'kubwerera kuseri kwa chingwe.

Mkuluyo anayang'ana m'kamera yake. Anajambula choncho.

Kenako tinadikira chaka ndi miyezi. Anthu a kanema akapita amapitiratu, amangokusiyirani fungo la utsi. M'nyengo imeneyo Mayi Naujoks anachita chinthu chimene sanachitepo chibadwire: anagula chinthu chatsopano chakale chisanafe. Wailesi yawo yakanema inali ya 1968, yoonetsa zakuda ndi zoyera zokha. Anagula ya mitundu, yaikulu ngati bokosi la maliro a mwana wa ng'ombe, ndipo wokweza nayo masitepe makumi asanu ndi atatu mukumudziwa. Yakaleyo ndinaitsitsira kuchipinda chapansi.

"Zaka zonsezi mwakhala osadziwa kuti wowerenga nkhani uja amavala tayi wobiriwira," ndinatero ndikupuma wefuwefu. "Mudzadandaula."

"Sindinaigulire tayi."

Gawo lathu linali lachitatu, Lamlungu, kota pasiti eyiti. Tsiku limenelo khofi anandisunthira usiku. Iwo anavala bulauzi ya ku tchalitchi, foni anaiika pa mpando pambali pawo. Sewero linayamba bwino: mayi wokalamba wa masiku ano ali m'khitchini mwake, makatani achikasu, maapozi ofiira m'mbale, mitundu yonse ili waliwali. Kenako mayiyo anayang'ana pa zenera n'kuyamba kukumbukira. Nyimbo inalira. Ndipo mitundu ija inayamba kusuluka, chikasu chinapita, kufiira kunapita, mpaka chinatsala n'chotuwa chokhachokha.

Ndinadzuka n'kuimenya wailesiyo khofi pambali.

"Khalani pansi, Bambo Kampmann. Sinawonongeke."

"Yatsopanotu iyi. Mawa ndikawabwezera."

"Khalani pansi. Achita dala. Akuti zakale zinalibe mtundu."

Magawo awiri oyambawo ine sindinaonere, ndinali ku masewera ogwetsa mabotolo ndi mpira ndi anzanga. Iwo anaonera, ndipo anadziwa kale. Anangokhala ndi chiyembekezo kuti mwina pa siteshoni pokha asiya mitundu.

Siteshoni inafika. Utsi, anthu, msana wanga ndi wilibala, umene ndinauzindikira ndekha m'dziko lonse la Germany. Kenako mwana uja, dzanja limodzi m'thumba, lina m'dzanja la mayi. Ndinawerenga chamumtima: wanu, thu, fili, folo. Anapita. Thumba linaoneka ndithu, lalikulu, la makona anayi, lotuwa pang'ono kuposa bulangeti.

Mayi Naujoks anaonera mpaka maina onse a osewera atatha kuyenda. Kenako anazimitsa.

"Kunali mitundu," anatero. "Kunali kuzizira, kunali nsabwe, koma mitundu inalipo. Supu ija inali yachikasu."

Nthabwala zanga zonse zinali zitathawa. Ndinatsuka makapu n'kutsika.

Kuyambira m'mawa mwake sanatulukenso m'nyumba. Makina oyankha foni analibe, ankati munthu woti wadikira zaka makumi asanu sangalankhule ndi bokosi. Ndinawaikira waya wautali kuti foni izifika kukhitchini. Posamba ankasiya chitseko chotsegula. Buledi, mkaka, mankhwala a miyendo, zonse ndinkagula ndine. Zinyalala ankazisiya pakhomo.

Tsiku lachisanu ndi chitatu ndinalakwitsa. Ndinali pansi, mawondo akuwawa, ndipo ndinaiwala ngati anati anyezi kapena adyo. Ndinati bwanji ndingoimba. Foni sinamalize n'komwe kulira koyamba.

"Arno?"

Mawu amenewo sanali a Mayi Naujoks amene ndinkawadziwa. Anali a mwana. Ndinagwira foni ija ngati khala la moto.

"Ndi... ndi Kampmann, mayi. Anyezi kapena adyo?"



"Anyezi."

Chiyambire tsiku limenelo, ngakhale funso likhale laling'ono chotani, ndimakwera masitepe.

Masabata atatu anadutsa. Sewero linatha, anthu anayamba kukamba za mpira. Lamlungu lotsatira ndinali pa khofi wanga, ndikuwanamiza kuti mkulu wa sewero wandiimbira kufuna msana wanga ku Amereka, pamene foni inalira. Anaisiya ilire kawiri, anapukuta manja pa epuloni, n'kuitola. Wa mbali inayo ankalankhula mokweza ngati munthu wogontha khutu limodzi, ndi kalankhulidwe ka ku Saxony, kum'mawa kuja, moti ndinamva zonse ndili pa mpando wanga.

"Pepani, ndikulankhula ndi Mayi Naujoks? Ine ndine Wiesner. Nambala yanu andipatsa a ku kanema, ndawavutitsa masabata atatu. Ndi za kajasi kaja."

"Ndikumva."

"Ine sindidziwa kuti ndine yani, mayi. Ananditola pa siteshoni mu 1945, ndili ndi zaka zinayi, mwina zitatu. Wiesner ndi dzina la namwino amene ananditola, tsiku lobadwa anandisankhira adokotala. Koma ndinali nditavala kajasi ka bulangeti, ka thumba limodzi. Nditakaona pa kanema paja supu inanditayikira pa thalauza."

Mayi Naujoks anagwira m'mphepete mwa tebulo. Ndinaganiza kuti agwa, koma mawu awo anatuluka owongoka, ngati akufunsa nambala ya zofunda ku chipatala.

"Thumbalo linali la mtundu wanji?"

Apa m'pamene ndinazindikira. Mamiliyoni aja anaona lotuwa. Kupatula ife amene tinalipo pojambula, mtundu wake ankaudziwa munthu mmodzi yekha: mwini wake wa thumba linalo.

"Labuluu, mayi. Ndili nalo pano m'manja. Kajasi kanatha kalekale, koma thumba ndinasunga. Labuluu la timaluwa toyera, ngati la epuloni."



"Lathu linali lofiira," anatero Mayi Naujoks.

"Aa." Bamboyo anapuma mwamphamvu. "Ndiye basi. Ndinadziuza kuti ndisayembekezere. Pepani kwambiri, ndakusokonezani pa Lamlungu."

"Dikirani." Anakhala pansi, waya uja akuukulunga ku chala. "Mwati thumba limodzi. Dzanja linalo?"

"Linali m'dzanja la munthu. Nkhope sindikumbuka, kaya mayi, kaya mlongo. Dzanja lokha. Linali ndi chilonda pa chala chachikulu, ndinkachikanda."

"Ndiye munthuyo, amene anakutayaniyo, munamusungira mkwiyo?"

"Ananditaya? Ayi mayi, ndinataya ndine. Panali hatchi yoyera itagwa pa chipale, ndinkafuna kuiona. Ndinasolola dzanja ndekha. Zaka zonsezi ndimangoti, munthu uja anandifunafuna bwanji, chifukwa cha hatchi."

Mayi Naujoks anayang'ana dzanja lawo lamanja, lija lopanda thumba. Analitembenuza, n'kulitembenuzanso.

"Anakufunani," anatero. "Mpaka lero akukufunani. Ndipo za hatchiyo sakuzidziwa. Iye akuti inali supu."

Ndinaona kuti mpope wa kukhitchini ukufunika kuumvetsera. Ndinapita, ndinatseka chitseko, ndinautsegula mwamphamvu, ndipo ndinakhala kumeneko mpaka khofi wanga anazizira.

M'mawa mwake anatsika okha kukagula buledi. Ndinawapeza pakhomo akudandaula kuti masitepe sindinasese bwino.

Arno sanaimbe. Sewerolo analibwereza chaka chotsatira m'nyengo yotentha, masana, ndipo sanaimbebe. Amene amaimba ndi Bambo Wiesner, Lamlungu lililonse hafu pasiti folo. Sanaonanepo, ndipo akuti safuna. Iye amawatcha Mayi Naujoks, iwo amamutcha Bambo Wiesner. Amakamba za mawondo, za mtengo wa mbatatesi, za njiwa zake zimene amaweta pa denga. Nthawi zina onse amangokhala chete, foni ili pa khutu, ndipo kampani ya mafoni imanenepa. Ine khofi wanga tsopano ndi wa mphindi makumi atatu. Foni ikalira amandilozera chitseko ndi chibwano, ndimatenga chidutswa cha keke m'manja n'kukadyera pansi, pamaso pa wailesi yawo yakale ija, imene ndinaikonza n'kuika kwanga. Imaonetsa bwino. Munthu umazolowera.

Kajasi sanakabwezere m'katoni. Kapachikidwa m'khonde, pa mbedza ya pafupi ndi chitseko, phulusa la Silke likadali m'mapewa. Ndinawafunsa kuti katswiri wochapa ngati iwo akulekereranji litsiro lotere.

"Mmene tinkafika kuno kanali kotere," anatero. "Mtsikana uja anakhoza."

Pa Nyuwere wa chaka chino ndinakwera ndi kalendala yanga, ulendo wa khumi. Ndinawapeza atatsegula buku latsopano la mafoni patebulo, magalasi ali pamphuno, chala chikutsika pa tsamba. Amatero chaka chilichonse, kuopa kuti osindikiza angalumphe mzere. Chala chinaima. Naujoks, Edeltraud, nambala 14. Pamwamba pake wokonza mano, pansi pake wogulitsa matayala.

"Mayi Naujoks," ndinatero, "poti tsopano muli ndi chibwenzi cha pa foni, ine ndidziwe pamene ndaima."

"Mwaima pa kapeti wanga ndi nsapato zonyowa."

"Ndiye chaka chino?"

Anatseka bukulo n'kuliika pansi pa foni.

"Lilimo," anatero. "Silisuntha."